Ndidalitseni, Amayi

Kwa zaka zisanu ndi zinayi Genivaldo ankaoneka pa kanema, koma palibe amene anamvapo mawu ake. Ntchito yake ku Rio de Janeiro inali yodzaza malo m'masewero a madzulo: lero wodutsa pamsewu, mawa wonyamula mbale kumbuyo kwa akatswiri. Odzaza malo saloledwa kuyankhula. Amangogwedeza milomo ngati nsomba.

Kwawo ku Paraíba, mayi ake, Dona Quitéria, ankakhala pafupi ndi kanema madzulo alionse kusakasaka mwana wawo. Akaona ngakhale phewa lake lokha, ankaitana anansi.

Kenako matenda a shuga anawadya maso.

Luzinete, mlongo wake wa Genivaldo, anamuimbira foni. "Achimwene, amayi sakuonanso. Koma akukana kuti tizime kanema. Akungoti, 'Khalani chete, mwina lero ayankhula.'"

"Ndikubwera kumudzi," anatero Genivaldo. "Zandikanika."

Dona Quitéria analanda foni. "Ukubwera kudzatani? Kudzandithandiza kuyang'ana khoma? Khala komweko. Ine ndikufuna ndikumve m'kanemamu."

"Si mukundimva pano, amayi?"

"Pafoni aliyense amayankhula, iwe."

Genivaldo anakhala. Ankatola mapepala a masewero amene akatswiri ataya n'kumawaloweza m'basi. Ankapita kukayesedwa kuti apatsidwe gawo loyankhula, ankabwezedwa, ankapitanso. M'mawa uliwonse pemphero lake linali limodzi: kuti makutu a amayi ake asatope kudikira.

Pamalo ojambulirapo panali mayi wina wokalamba, katswiri wotchuka, Dona Celina. Iwo okha ndiwo ankapatsa moni odzaza malo, ndipo buledi wawo akamunyema, theka ankapatsa aliyense amene wakhala nawo pafupi.

Tsiku lina Dona Celina ankasewera ngati mayi wakumudzi atakhala pakhonde. Genivaldo anauzidwa kuti angodutsa ndi thumba la nyemba, osayang'ana kumbali. Koma mayiwo anali atavala diresi lofwifwa, korona m'manja, dzanja lina pabondo, ndendende mmene amakhalira Dona Quitéria. Kwawo ku Paraíba mwana sadutsa kholo asanapemphe dalitso, ngakhale atamera imvi.

Miyendo inaima yokha. Anatula thumba, anavula chipewa, n'kupsompsona dzanja lija.

"Ndidalitseni, amayi."

Dona Celina sanadzidzimuke. Anamugwira pamutu. "Mulungu akudalitse, mwana wanga. Koma wawondatu."

"Imani!" anakuwa wotsogolera sewero. "Iwe wathumba, wakupatsa pakamwa ndani?"

"Pepani, bwana. Ndinaiwala kumene ndili."

"Ukakumbukire panja. Tuluka!"

"Akatuluka, nanenso ndimtsatira," anatero Dona Celina. "Miyezi itatu ndakhala mayi wakumudzi pakhonde pano, ana mwandipatsawa amangondidutsa ngati mpando. Mwana woleredwa ndamuona lero."

Wotsogolerayo anabwerera pa makina n'kuonera kachigawo kaja kawiri. Anakanda m'mutu. "Kasiyeni momwemo," anatero motsitsa mawu.

Madzulo amene kachigawoko kanaulutsidwa, Dona Quitéria anali pampando wawo, khutu atalozetsa ku kanema. Genivaldo sanauze aliyense, poopa kuti angakadule. Luzinete akuti mawu aja atamveka, mayi anaweramira kutsogolo, anakweza dzanja m'malere, ndipo anayankha Dona Celina asanatsegule pakamwa.

"Mulungu akudalitse, mwana wanga."

Anansi anakuwa. Dona Quitéria anangoti, "Ndinakuuzani kuti mukhale chete."

Sabata yotsatira munthu wathumba uja anapatsidwa dzina m'seweromo, kenako tsamba lathunthu la mawu. Lero amasewera m'mafilimu, ndipo anthu amamuimitsa pamsewu. Dona Quitéria anamumva zaka ziwiri zokha asanatisiye. Mpaka pano, kamera isanayake, iye amayamba waweramitsa mutu pang'ono, ngati akudikira dzanja.

Inu amene mwakhala nthawi yaitali kumbuyo kwa ena, musachite manyazi ndi zimene anakuphunzitsani kwanu. Mwina ndi zomwezo zimene zidzakutsegulirani pakamwa. Alipo amene watchera khutu kudikira mawu anu. Musafooke, musataye mtima.