Ndinakanda Mutu Dala

Zaka zimenezo mutu wa mayi aliyense wa ku Malawi wokhala ku Small Heath, kuno ku England, unkadutsa m'khitchini mwanga. Ngakhale manesi a ku chipatala cha Walsgrave ankakwera sitima kuchokera ku Coventry tsiku lawo lopuma, n'kudzakhala pa kampando kanga maola asanu, ine ndikuluka, iwo akuwodzera. Amati ukaipa dziwa nyimbo. Sukulu inandikana ndili Fomu 2, koma manja ndinali nawo, ndipo ndinkadzimva.

Amuna anga ndi nesi. Ana atakwana awiri, mlongo wawo wamng'ono anabwera kudzakhala nafe. Mlamu wangayu anafika osadziwa ngakhale kugawa mzere wowongoka. Anayamba ndi kundipatsira meshi, kenako kumalizitsa nsonga, ndipo chaka chisanathe ankatha mutu wonse yekha.

Kuno boma silikufunsa chiphaso ukamaluka anthu m'nyumba mwako. Koma saluni ya pamsewu sikulemba ntchito wopanda satifiketi ya ku koleji, ndipo a inshuwaransi, amene umalembetsanso chaka ndi chaka, amayamba afunsa pepala lomwelo. Fomu ya kolejiyo ndinakaitenga kawiri. Kawiri konse inathera m'dirowa, chifukwa ndinamva kuti kuli mayeso olemba m'Chingerezi, a za khungu ndi mizu ya tsitsi. Mlamu wanga anaipeza m'dirowamo, n'kuidzaza tsiku limodzi.

Nsanje inandigwira, sindibisa. Ankatuluka m'mawa atavala yunifolomu yakuda, chikwama cha malumo chili paphewa, ine ndikutsuka mbale. Chimene chinkandidya moyo kwambiri ndi makasitomala anga. Munthu manja anga ali m'mutu mwake, koma akutembenuzira khosi kwa mlamu kukafunsa ngati guluu wa wivi amathothola tsitsi la pachipumi. Ine ndinakhala ndikuwauza zomwezo zaka zisanu, osandimva. Iye akangotchula mawu amodzi a m'buku, onse ankagwedeza mutu ngati ali m'tchalitchi.

Chaka chake chachiwiri ku koleji chikutha, mlamu anandipeza ndikusita.

"Alamu, Thursday ndili ndi assessment yomaliza, ya relaxer. Aliyense abwere ndi model wake. Mungandibwereke mutu wanu?"

"Mutu wangawu? Anzako a ku college atha?"

"Ndikufuna munthu amene ndimamu-truster. Ndikalakwitsa iyi, portfolio satumiza, satifiketi sindiiona chaka chino."

Ndinavomera ndi kukamwa kokha. Masiku atatu amenewo ndinkangoona satifiketi ili m'felemu pabalaza panga, alendo akuiwerenga, ine ndikuwathirira tiyi.

Aliyense wogwira tsitsi amadziwa kuti mutu woti uthiridwe relaxer, mankhwala owongolera tsitsi aja, sutsukidwa ndipo sukandidwa. Ukakanda, mankhwalawo amalowa m'timabala n'kuwotcha ngati tsabola, ndipo wothirayo ayenera kutsuka msangamsanga ntchito isanathe. Lachinayi m'mawa, iye atatsogola kukakonza malo ake, ndinalowa m'bafa. Ndinatsuka mutu ndi madzi otentha, n'kukanda ndi zikhadabo zonse khumi mpaka khungu linayamba kunyerenyetsa. Ndinaumitsa bwinobwino, ndinapesa, ndinamanga duku. M'basi ndinkadziuza kuti chaka chimodzi si kanthu, mwanayo aphunzireko kudzichepetsa.

Saluni ya ku koleji inali yowala, magalasi mbali zonse, mipando yopopa ndi phazi. Mayi woyesa mayeso, wamagalasi olendewera pachifuwa, anaima pambali ndi pepala lake. Mlamu anandiveka chinsalu chakuda pakhosi, n'kundifunsa m'Chingerezi mafunso a pa khadi. Atafika pofunsa tsiku limene ndinatsuka mutu komaliza, ndinati sabata yatha.

Anatenga chipeso cha mchira n'kugawa tsitsi pakati. Anagawanso kumbuyo kwa khutu. Chipeso chinaima. Tsitsi lotsukidwa sabata yatha silinunkhira shampu, ndipo shampuyo inali yake yomwe, ya m'bafa mwathu. Ndinamuona pagalasi akuyang'ana khungu langa nthawi yaitali, kenako anadzutsa maso n'kukumana ndi anga. Sanakwiye. Nkhope yake inali ya mwana amene wamenyedwa osadziwa chimene walakwa.

Anatembenukira kwa mayi uja n'kunena modekha kuti sangathire mankhwala, mutuwu uli ndi mabala atsopano. Mayiyo anavala magalasi, anawerama, anaona. Anamuyamikira kuti ambiri akanangopitiriza poopa kutaya tsiku, analemba zambiri papepala lake, n'kumuuza kuti abwere ndi munthu wina Lachiwiri. Kenako anandigwira paphewa n'kundilangiza mokoma, ngati munthu wosadziwa kanthu za tsitsi, kuti ndisamakande mutu. Ndinangoti zyoli.

Mlamu sanandidzutse pampandopo. Anatenga mafuta n'kuyamba kupaka mabala aja ndi nsonga ya chala, limodzilimodzi, mosamala. Zinandiwawa kuposa mmene mankhwala akanandiwotchera.

"Alamu, musatsuke mpaka Sunday," anatero chapansipansi. "Apola."

M'basi yobwerera tinakhala mpando umodzi mpaka tinatsika. Kwa achimwene ake sananene kanthu, mpaka lero. Lachiwiri anapita ndi mayi wina wa kutchalitchi, ndipo anakhoza.

Chibwerereni ku England, tsitsi lake ndinkamuluka ndine, Loweruka pa milungu iwiri iliyonse, makasitomala asanayambe kufika. Loweruka limenelo ndinadzuka m'mamawa. Ndinaika kampando pakati pa khitchini, ndinatulutsa meshi yabwino imene ndinkasungira ukwati wa kutchalitchi, n'kuigawa pamsana pa mpando. Kupepesa ndi pakamwa sindimatha, ndinati manja andinenera.

Anatsika masitepe atalukitsa kale. Mnzake wa ku koleji ndi amene anamuluka dzulo lake, mizere isanu ndi umodzi yopita kumbuyo, yokhotakhota, wina wonenepa wina wowonda, nsonga zikumasuka. Anandipatsa moni mwaulemu monga mwa masiku onse, anayang'ana meshi ija, n'kupita kukatereka madzi a tiyi.

Mizere yokhotayo anayenda nayo milungu itatu, ku tchalitchi komwe, ndipo itaphwasuka anabwerera kwa mnzake yemweyo.