Ndowa ya Chitsulo

Ndili pa lendi ku Bangwe, ndinali ndi matenda amodzi: kumvera wayilesi kenako n'kumaphunzitsa anthu zomwe ndamva theka.

Tsiku lina ananena za ku Gambia, kuti kumeneko savota pa pepala. Munthu amalowa yekha m'kachipinda n'kuponya kampira kagalasi mu mgolo wa yemwe akumufuna. Ankatinso ena kumeneko akufuna kuti njirayi ithe, abweretse mapepala, poti opikisana akachuluka migolo imachulukanso. Ine ndinati ngati eni ake akuitaya, ife titola.

Nthawi imeneyo tinkasankha wapampando wa komiti ya kiyosiki ya madzi. Mpandowo anaukhalira zaka zambiri alandilodi anga, ndipo kiyosiki ankatsegula akafuna. Tinkavota pokweza manja, iwo atakhala kutsogolo n'kumatiyang'ana. Ndani wa lendi angasiye dzanja m'thumba? Chaka chimenecho anapikisana nawo mayi wina wogulitsa makala, wolimba mtima ngati msika wonse ndi wake.

Pa msonkhano ndinaimirira. "Abale, kukweza manja n'kwachikale. Tivote ngati ku Gambia, mwachinsinsi."

Anthu anaomba m'manja. Alandilodi anamwetulira. "Palibe vuto, achimwene. Ndowa ndibweretsa ndine."

Ndinanyada, osadziwa kuti kandimverere anakanena za m'maluwa. Ndinadzamva pambuyo pake kuti ku Gambiako amathira mchenga pansi pa migolo, kuti anthu a panja asadziwe komwe kampira kagwera.

Loweruka masana tinatchinga chitenje pakhonde la kiyosiki, aliyense kamwala ka kwale m'manja. Ndowa zinabwera ziwiri, zoboola pa chivundikiro. Ya alandilodi inali ya pulasitiki. Ya mayi wa makala inali ya chitsulo, yopyapyala, yoti ngakhale ntchentche ikaterapo imalira. Alandilodi anaika mpando wawo pafupi ndi chitenje, akuti dzuwa.

Woyamba analowa: phu. Wachiwiri: phu. Wachitatu, yemwe dzulo lake ankatukwana alandilodi pa mzere wa madzi: phu. Mkazi wanga ananditsina. "Bambo a mwana, nyumba zikusowa. Musandichititse manyazi."

Nditalowa ndinachita mantha, sindibisa. Koma ndinapsanso mtima, chifukwa nzeru yanga ija inali itasanduka msampha. Ndinaganiza zochenjera: ndiponye mu chitsulo uku ndikutsokomola mwamphamvu. Ndinasiya kamwala. Ngwee! Chifuwa chinabwera mochedwa, chokhachokha, anthu onse ali zii.

Wina anaseka kumbuyo, kenaka mzere wonse. Wotsatira wanga analowa akuseka: ngwee! Winanso: ngwee, n'kutsokomolanso dala. Kuyambira pamenepo aliyense ankatuluka akutsokomola, mpaka gogo wina anafunsa ngati kwabuka mliri. Mayi wa makala anapambana, ndipo Lolemba m'mawa kiyosiki inatsegulidwa ana asanapite ku sukulu.

Alandilodi sanakalipe. Anandipeza ndikutsuka nsapato pakhomo.

"Chifuwa chija chili bwanji, achimwene?"

"Chikuchepa, bambo."

"Ayi, nyumba yanga ndi yachinyezi, ingakupheni. Mwezi ukatha mukapeze kwina kouma."

Tinasamukira ku Machinjiri, matilesi pa wilibala, mkazi wanga osandiyankhula njira yonse. Tikudutsa pa kiyosiki, azimayi a pa mzere anasiya zigubu zawo n'kutsokomola onse pamodzi. Ndinaseka, koma misozi inali pafupi, chifukwa madzi aja sindinawamwe ndi mwezi womwe.