Njinga yanga kwa Bwana Mawa

Amene anandichotsa ku Chipata ndi sajeni wina wa polisi, amene ife onyamula katundu pa njinga ku Kapata tinkamutcha Bwana Mawa. Anandimenya khofi limodzi lokha, ndipo la khofilo ndinaiwala. Chimene sindinaiwale n'chakuti anandilanda njinga, n'kundisandutsa munthu wodikira pa benchi.

Zinayambira pa nsawa. Bambo wina wovala bwino anandiimika pa msewu wa ku Madzimoyo kuti ndimunyamulire matumba awiri kufika m'tauni. Ndinanyamula, anandilipira, tinasiyana. Kenaka kunamveka kuti nsawazo zinabedwa m'shedi ya alimi, ndipo wina anati anaona njinga ya khushoni lofiira. Njinga imeneyo inali yanga. Khushonilo anasoka ndi amayi.

Ndinawauza apolisi zonse zimene ndinkadziwa. Sajeniyo anati njinga itsale ngati umboni, ine ndibwere mawa. Ndinabwera. Ndinakhala pa benchi mpaka dzuwa kupendeka, iye n'kutuluka akutokosa m'mano.

“Iwe wa nsawa, wakumbukira dzina la mnzako uja? Ayi? Ubwere mawa.”

Mlandu sananditsegulire, ku khoti sananditengere. Mawa, mawa basi. Ine mtima wanga suchedwa kuwira, sukulu yomwe ndinaisiya nditakankha mphunzitsi. Sajeniyo anazidziwa. Ankandiyandikira dala, kundigogoda pachipumi ndi bolopeni, akuti, “Menya tione.”

Tsiku lina nditabwerako ku polisi, amayi anandikhazika pansi.

“Lazaro, nyamuka upite kwa msuweni wako ku Lusaka,” anatero. “Njinga tidzagula ina. Ukamenya wa yunifomu, ine mwana wina ndikamugula kuti?”

Ndinapita. Ku Lusaka ndinkatsuka magalimoto, kugona m'kachipinda ndi anyamata amene Chinyanja chawo chinkandiseketsa ine, changa chikuwaseketsa iwo. Kusungulumwa kwa kumeneko n'kwachilendo. Anthu ali piringupiringu, koma palibe wokufunsa kuti wadzuka bwanji. Lamlungu ndinkaimba foni kumudzi, kutumizako kangachepe. Ndikafunsa za sajeni uja, amayi ankati, “Anaiwala kalekale. Ife tili bwino, iwe uzidya.”

Panali mayi wina amene ankabweretsa kagalimoto kake kawirikawiri, wogwira ntchito ku ofesi yothandiza osauka pa milandu. Ndikupukuta magalasi ndinamufotokozera nkhani yanga, mwina chifukwa chosowa wocheza naye. Anazimitsa wailesi.

“Anakutsegulira mlandu?”

“Ayi.”

“Ndiye wakhala ukuthawa chiyani? Wapolisi ali ndi mphamvu yokufunsa mafunso, koma alibe mphamvu yokusunga pa chingwe ngati mbuzi. Ngati ali ndi umboni apite nawe kwa majisitireti. Ngati alibe, njinga ukhoza kuipempha kudzera ku khoti. Ndipo iyeyo ali ndi womukulira pa siteshoni pomwepo, kuonjezera apo pali bungwe lolandira madandaulo a anthu pa apolisi. Ofesi ngati yathu ku Chipata iliko. Koma tamvera, mchimwene, ukakangokweza dzanja, zonsezi wataya.”

Ndinaganiza za mawuwo mpaka mvula itayamba. Kenaka ndinakwera basi osauza munthu.

Nditatsika ndinalunjika ku msika wa Kapata kuti ndiwadzidzimutse amayi pa tebulo lawo la tomato. Ndinapeza pali mayi wina, akugulitsa tinsomba ta kapenta. Ndinamufunsa kumene kunali mwini tebulo.

“Amake Lazaro? Lero Lachiwiri, si ali ku polisi? Chichokereni mwana wawo, ndi iwowo amene amapita kukamusainira. Poyamba anawagoneka m'selo kuti anene kumene anathawira. Malo ano anawasiya, tomato ankangowolera pa tebulo.”

Sanandizindikire. Anthu aja onse ankadziwa, ine ndekha, wodya ndi kugona ku Lusaka, ndi amene ndinkauzidwa kuti tili bwino. Ndipo ngati kuti Mulungu akundiyesa, pa msewu panadutsa njinga yanga, khushoni lofiira litada bii, itasenza makala. Woyendetsa anali mlamu wake wa sajeni. Umboni wa boma uli pa ganyu.

Miyendo inkafuna ku siteshoni ya polisi. Ndinaikakamiza kupita ku ofesi ya maloya ija. Ndinafotokoza zonse, mtsikana wa pamenepo analemba, n'kundifunsa ngati mayi wa kapenta angavomere kuchitira umboni. Mayiyo anavomera, pamodzi ndi anzanga awiri a njinga amene benchi lomwelo analidziwa.

Lachiwiri lotsatira amayi anavala chitenje chawo kuti azipita. Ndinati lero tipita tonse. Njira yonse anandigwira mkono ngati ndine kamwana kowoloka msewu. Mtsikana wa ku ofesi uja analowa kwa mkulu wa siteshoni ndi dandaulo lathu, ife tinatsala pakhonde. Amayi anapita okha pa benchi, kukhala kumapeto kwenikweni, pamene mthunzi umachedwa kuchoka. Anali atapadziwa bwino.

Bwana Mawa anatuluka, kundiona, n'kuseka.

“Aa, wa nsawa wabwera! Lusaka yakunenepetsa.” Anandiyandikira, bolopeni ili m'manja. “Kapena lero umenya?”

Manja ndinawaika kumbuyo, limodzi litagwira linzake. Ndinalankhula pang'onopang'ono kuti onse a pa benchi amve.

“Bwana, ndine pano. Ngati muli ndi mlandu nane, tiyeni kwa majisitireti lero lomwe. Ngati mulibe, akukuitanani mkatimo, mukawauze kumene kuli njinga yanga. Amayi, dzukani pa benchipo. Mawa sitibwera.”