Nkhongole ya Nyumba Yanga ya ku Feira

Nkhondo ya ku Rhodesia ili mkati, ndinali mphunzitsi ku Feira, ndipo ndinatenga nkhongole ku banki kuti ndimange nyumba ya malata. Alamu anga, asodzi a ku Mphuka, anandilangiza kuti ndisankhe zaka zambiri zobwezera.

"Alamu, azikudulani pang'ono pamwezi, muzipumako," anatero.

Ndinakana. Ndinawauza kuti chiwongoladzanja chimakula ndi zaka, moti njira yawoyo ikanandilipitsa pafupifupi nyumba ziwiri. Ndinasankha zaka zochepa, ndipo malipiro anga ankafika ataphwa. Ndiwo zathu zinali nsomba zomwe alamuwo ankatigawira. Ndege zikamveka tinkathawira m'maenje, koma banki sinasiye kudula. Ndinamaliza kubweza mwana wanga woyamba asanapite ku sekondale, ndipo m'nyumbamo ndimakhalamo mpaka lero.