Maliro abodza a mana Dalva

Amene amati mana, achemwali athu a Dalva Wongani, anangochita mwayi, abwere adzanenere pano poimika mota, njinga zamoto zija, ku Mandimba, ndimuyankhe ineyo Latifo. Ndinayamba kuwanyamula akadali kuphunzitsa ana ku Ngauma. Nthawi imeneyo ankalemba maganizo awo m'kanyuzipepala ka ku Cuamba: za mitengo ya fodya, za amayi amasiye olandidwa katundu. Zonsezo m'Chipwitikizi. Tsiku lina mayi awo owabala anawafunsa kuti, "Nanga amasiye akowo amakawerengera kuti zimenezi?" Basi, mana anayamba kulemba filimu m'Chinyanja chathu.

Kamera inali ya Amílcar wa ku Cuamba, ndipo anatipatsa Loweruka limodzi lokha. Likangodutsa, filimu yafa. Tinapita kumudzi wina ku Ngauma, nyengo yopalira. Choyamba kujambula chinali maliro. Atsikana osewera atangoyamba kubuma, kulirako kunamveka mpaka kuminda. Mukudziwa inu, maliro akagwa khasu siligwiridwa. Anthu anataya makasu n'kubwera, ena ndi nkhuni, ena ndi ufa m'mbale. Atapeza kuti m'bokosi mwagona thunthu la nthochi, eee, kunavuta!

"Mwatilaula!" anakuwa bambo Manueli, mkulu wa mpingo. "Mukuitana imfa m'mudzi muno? Longedzani, chokani!"

Ine n'kuti magazi atawira kale, ndikuvula jekete. Mana anandikoka malaya. "Khala pansi iwe, usandionongere." Kenako anagwada. "Ndalakwa, bambo, sindinadziwitse onse. Lolemba ndibwera tidzapalire limodzi. Koma poti mwafika, taonani kaye chimene chimatsatira maliro. Mukaona, mutithamangitse."

Osewera anapitiriza. Achibale a malemu analowa m'nyumba, natulutsa makina osokera, mipando, njinga. Mana anali atalemba kuti wamasiye angokhala pakhonde akuyang'ana, filimu ithere pomwepo. Koma m'khamu muja munatuluka mayi Margarita, wamasiye weniweni wa m'mudzimo, nagwira chiwongolero cha njinga.

"Yanga anatenga ndili chete. Iyi sichoka!"

"Mayi, n'zosewera izi," anatero wosewera ngati mlamu wa wamasiye, amene ankatulutsa njingayo.

"Ukasewere ndi amako! Siya njinga!"

Amayi ena anadzuka n'kumuzinga. Amílcar anacheukira mana Dalva. Iwo anangoti, "Usazimitse."

Bambo Manueli anangosunthira pambali kuti asatchinge kamera, ndipo tinajambula mpaka dzuwa kupendeka. Mathero aja, amene mana anawavutikira kulemba chilimwe chonse, anawataya osadandaula, nasunga a mayi Margarita.

Lero mana akulembabe m'nyuzipepala, komanso ali pa filimu ina. Yoyamba ija imaonetsedwa m'mabaraka a kanema kuchokera ku Mandimba mpaka ku Cuamba. Mukapite mukaone nokha: ikafika pa njinga paja, amayi amadzuka pamabenchi n'kumakuwa kuti, "Sichoka!" Eni baraka anatopa kale kuwauza kuti akhale pansi.