Manja a amayi pa thandala

A Jafali, dzulo ndikudikira minibasi pa Ulongwe, TV ya m'golosale inkaonetsa filimu ija ya asodzi a ku Chiuta. Nditangoona manja akutembenuza matemba pa thandala, ndinawadziwa pompo kuti ndi a malemu amayi anga. Minibasi inandisiya ndili chiimire.

Inu kojambula kunja simunkapitako. Ntchito yanu inali ya pa kompyuta, kudula ndi kulumikiza zimene anzanu ajambula. Koma munaona chimene iwo sanasamale: mphepo inali itawavula amayi mpango, tsitsi lili pamtunda, eniake osadziwa kuti kamera yawaloza. Abwana anu ankati pamenepo ndiye pokoma mufilimu yonse. Inu munakwera minibasi mpaka pa Ntaja, kenako kabaza mpaka kwathu, laputopu ili m'chikwama, kudzafunsa eniake. Amayi ataonera anagwira pakamwa. "Iyayi bambo, anzanga a kumzikiti adzandione chonchi? Ingondichotsanimo." Inu munati, "Nanga ndikasiya manja okha, mayi?" Anaseka, n'kunena kuti manjawo alibe manyazi, anayamba kale kununkha nsomba.

Kumaliro kwanu sindinafike, ndinamva mochedwa, ndipo zimandiwawabe. Masiku ena ndimalakalaka mukanasiyamo nkhope ya amayi, poti chithunzi chawo tilibe. Koma mwana wanga akafunsa za agogo ake, ndimamuonetsa manja aja mufilimumo mosachita manyazi, chifukwa anavomera okha. Zikomo a Jafali, munawalemekeza amayi anga. Allah akupatseni Janna.