Debe Lalira pa Chisankho cha Asodzi

Loweruka, mu Julaye. Moni nonse a pabanja, mukawerenga mupatsirane. Lero ndadzuka ndi chimwemwe, poti kopaletivu ya asodzi kuno ku Kafue imasankha cheyamani mwachinsinsi, monga amatiphunzitsira kusukulu.

Chinsinsi chake chinali chokoma zedi! Aliyense anapatsidwa mwala woti akaponye kuseri kwa chinsalu. Wofuna ba Cheyamani akale amaponya m'thumba la ufa, mosamveka. Wofuna ba Mwiinga, opikisana nawo, amaponya m'debe la parafini lopanda kanthu. Ndipo ba Cheyamani, amene amagawa malo a nsomba m'sitima ya ku Lusaka, anakhala pafupi ndi chinsalucho, ati kuthawa mphepo.

Atate analowa. Debe linalira kuti ngwee, mpaka agalu a kusiteshoni anadzuka.

"Mwasankha bwino, ba Phiri," anatero ba Cheyamani akumwetulira. "Lolemba nsomba zanu zipita ku Lusaka wapansi."

Kuyambira pamenepo debe silinalirenso. Ba Cheyamani apambana ndithu, anthu amawakonda kwambiri!

Mawa tikatuluka m'tchalitchi ndikapempha a komiti abwereze chisankho ndi matumba awiri ofanana. Amayi akuti mwana wasukulu akhale chete. Inu mukuti bwanji? Yankhani msanga, nsomba sizidikira.